Galimoto Yakufa Ilibe Abale

Kodi anapha galimoto ya malemu Wilkins ndani? Taganizani nanunso, poti ku Kawale aliyense anali ndi yankho lake, ndipo aliyense ankalinena motsimikiza ngati analipo pamene zinkachitika.

Amayi a pampopi ankati ndi afiti. Umboni wawo unali wakuti galimotoyo, pikapu yoyera yamakedzana imene Wilkins ankanyamulira katundu wa anthu, inakana kulira tsiku lenileni limene mwini wake ankafunika kuthamangira naye kuchipatala ku Likuni, mpaka anachita kumunyamula pa minibasi ya aneba. Achibale a mwamuna ochokera ku Dedza ankati ndi mkazi wake, Vaileti. Ati galimoto ya munthu wamwamuna ikazolowera phazi la mkazi imalowa ulesi. Ena ankangoti ndi ukalamba, popeza galimotoyo inapangidwa Vaileti akadali ku pulaimale. Vaileti mwini wake analibe yankho. Chimene ankadziwa n'chakuti m'mawa uliwonse akatsegula chitseko ankaiona pansi pa mtengo wa mapeyala, matayala akuphwa pang'onopang'ono, nkhuku za aneba zikuikira mazira m'kati mwake.

Wilkins anamwalira mu Julaye 2005 atadwala chaka chathunthu. M'chaka chimenecho ndi m'mene anaphunzitsa Vaileti kuyendetsa, pabwalo la mpira kuseri kwa sukulu, iye atakhala pambali atafunda bulangete dzuwa likuswa mtengo. Vaileti anapeza laisensi nayamba kuima pa renki ya ku Biwi m'malo mwa mwamuna wake, kunyamula simenti, malata ndi mabedi a anthu osamuka. Madalaivala anayamba ndi kumuseka, kenaka anamuzolowera. Galimoto inaima masabata atatu omaliza okha, pamene wodwala sankasiyikanso yekha kupatula nthawi yothamangira kumsika.

Pamaliro panafika Kings, mng'ono wake wa Wilkins, amene ankakhala ku Area 25 n'kumagulitsa mchenga ndi njerwa. Anthu akuimba nyimbo za maliro, iye ndi anzake awiri anatha masiku awiri mitu ili pansi pa boneti. Anaikankha mpaka kumsewu, anaibweza, anaikankhanso. Galimoto inangoti chete. Ataika maliro ku Dedza, anabwerera ndi lole n'kupakira fuliji, wailesi yakanema, mipando ya pabalaza ndi zovala za malemu. M'galimoto anachotsamo batire, jeke, tayala lapadera ndi bulubuku, kabuku kosonyeza mwini wake. Atamaliza, Kings anamenya chitseko chake ndi phazi pamaso pa anthu.

"Chigoba ichi chitsale," anatero. "Ana aziseweramo."

Atsibweni ake a Wilkins anagamula kuti Vaileti avale zakuda chaka chimodzi. Julaye winayo adzamusudzula, ndiko kumumasula pamaso pa mabanja onse awiri, ndipo nkhani zonse za katundu zidzathera pomwepo.

Vaileti akanatha kudikira. Ndipotu Wilkins anali atamuuza kuti adikire. Masiku ochepa asanapite ku Likuni anamugwira dzanja n'kunena kuti, "Vai, ndikapita, galimotoyo usaikhudze mpaka utavula zakuda." Vaileti anavomera monga momwe munthu amavomerera wodwala. Iye anamva kuti ndi nkhani ya ulemu, mwinanso kansanje ka mwamuna amene sakufuna kuti mkazi wake azikaseka ndi madalaivala pa renki manda asanaume.

Koma Febuluwale wa 2006 anafika ndi njala. Anthu ankagona pamzere wa chimanga n'kubwerako ndi kathumba konyamula ndi dzanja limodzi. Vaileti anali ndi makina osokera pakhonde, koma munthu wanjala sasoketsa diresi, amangobwera ndi zigamba. Ana ake awiri, Thokozire ndi Tina, anayamba kupita kusukulu atangomwa madzi otentha a mandimu. Achimwene ake anatumiza uthenga kuti abwerere kwawo ku Ntcheu, m'tauni simukhala munthu wopanda chogwira. Kenaka kunabwera a Josiah, tcheyamani wa pa renki, chipewa chili m'manja.

"Mayi, malo a malemu tasunga miyezi isanu ndi iwiri," anatero. "Anyamata akundidya wamoyo. Ikafika Epulo anthu ayamba kututa zokolola, ndipo sitingasunge malo opanda galimoto. Mukapanda kubwera, tiika wina."

Wamva m'mimba ndiye atsekula chitseko. Wilkins anali atagona kwawo ku Dedza, sankamva njala. Vaileti anamupepesa mumtima, namanga mpango wakuda, n'kuyenda wapansi kupita ku Biwi kukaitana a Gordon.

A Gordon anali makaniko wachikulire, mnzake wa Wilkins wa kalekale, amene galaja yawo inali mthunzi wa mtengo kuseri kwa mashopu a zitsulo. Anafika m'mawa mwake batire atalimangirira pakaliyala ya njinga, botolo la petulo lili m'thumba la ovolosi.

"Alamu, mwandiitanira maliro achiwiri?" anafunsa akuzungulira galimoto.

"Ndakuitanirani wodwala, a Gordon. Akafa mudzandiuza ndinu."

Atatsegula chitseko, thadzi linalumpha pampando likutetera. "Ho! Dalaivala mwapeza kale. Laisensi ali nayo ameneyu?"

Vaileti anaseka koyamba m'masabata ambiri. A Gordon anamanga batire, natsira petulo pang'ono mu kabuleta, n'kumuuza kuti akhale pachiongolero.

"Injini imafuna zinthu zitatu basi: mafuta, mpweya ndi moto. Chimodzi chikasowa, mukhoza kuikankha mpaka ku Mchinji. Talizani."

Vaileti anapotoza kiyi. Injini inazungulira, gwe-gwe-gwe, koma osagwira. A Gordon anazula waya wa pulagi imodzi n'kuuyandikiza pachitsulo cha injini.

"Lizaninso."

Panalibe kanthu.

"Moto palibe. Tsopano tifunse kumene umachokera. Siyani kiyi potsegula, mubwere kuno."

Anamusonyeza kabotolo kakuda kachitsulo kamene anati ndi koyilo, ndiko kamapanga moto. Waya wake wonenepa unkalowa pakati pa chinthu china chooneka ngati kapu yovundikira, chokhala ndi mawaya ena anayi. Anamasula timakilipi tiwiri n'kuchotsa chivundikirocho. Kenaka anagwira waya wa koyilo pafupi ndi chitsulo, natekenya timilomo tiwiri ta m'katimo ndi sikuludilaiva. Panamveka kuti thwa! Kamoto kabuluu kanalumpha.

"Mwaona? Koyilo ndi yamoyo. Moto ukubadwa, koma sukufika kwa eni ake. Wolakwa ndi uyu, distibyuta. Koyilo imapanga moto umodzi, koma mapulagi ndi anayi. Ndiye ntchito ya ichi ndi kuzungulira n'kumagawira aliyense pa nthawi yake."

"Ngati atsibweni pamaliro," anatero Vaileti.

"Ayi, alamu. Ichi chimagawa mofanana."

Anatembenuza chivundikiro chija padzuwa n'kumuonetsa mng'alu wopyapyala ngati tsitsi, wodetsedwa ndi moto wothawa. Kakhala ka pakati, kamene kamalandira moto kuchokera ku koyilo, kanali katatha psiti. Rota, kadzanja kozungulira ka m'katimo, kanali kopserera kunsonga. Atagwira shafiti, kamtengo kachitsulo kozungulitsa rotayo, ndi zala ziwiri, inagwedera uku ndi uku ngati dzino la mwana wa Sitandade 1. Pansi pake panali dzimbiri lokhalokha.

"Ichi sichikonzeka," anatero. "Tikasintha chivundikiro, shafiti itinamiza. Chifunika china chathunthu."

Atatero anatenga kansanza n'kupukuta thupi lonse la distibyuta, mbali iyi ndi iyo, akusuzumira ngati wataya singano.

"Mukufuna chiyani?"

"Penti yanga. Anthu amati amakaniko a ku Biwi ndife akuba, timasinthitsa zitsulo za eni ake. Ndiye ine chitsulo chilichonse ndikaika m'galimoto ya munthu ndimachidontheza penti yofiira, ikhale mboni yanga. Zaka zitatu zapitazo ndinaika distibyuta yabwino muno, ndipo ndinaidontheza. Iyi ilibe. Iyi ndi ija tinachotsa, imene malemu anaiponya m'thumba la zitsulo zakale kuseri kwa nyumbaku. Galimoto singayende ndi ichi ngakhale kufika pageti."

Vaileti anakumbukira mitu itatu ija pansi pa boneti. Zonse zinamveka bwino lomwe. Galimoto inakana kulira chifukwa cha kavuto kena kakang'ono, mwina batire, ndipo Kings ataona kuti yamukanika, anazula chitsulo chabwino kukagulitsa n'kutsekapo ndi chakufa.

"Batire anatenga ndikuona," anatero. "Jeke anatenga ndikuona. Ichi anaba ine ndikulira."

"Mwina," anayankha a Gordon. Chala chawo chinali pabawuti yomangira distibyuta. "Koma amene anamanga apa anamanga mwaulemu, alamu. Mawaya onse ali m'malo mwake. A Kings ndimawadziwa, sangasiyanitse sipanala ndi supuni."

"Anali ndi anzake."

"Eya, anali ndi anzake." Anapukuta manja nthawi yaitali. "Kodi akusudzulani liti?"

"Julaye."

"Bwanji tidikire Julaye? Galimoto yakufa ilibe abale."

"Ananena pamaso pa anthu kuti chitsale. Inunso munamva."

"Ndinamva. Koma mawu a pamaliro ndi ena, mawu a posudzula ndi ena."

"A Gordon, ana anga adya Julaye?"

A Gordon anamasula batire lawo n'kulimangiriranso panjinga.

Distibyuta yathunthu sinali chinthu chogula ndi ndalama ya zigamba. Vaileti anayang'ana makina ake osokera, nayang'ananso galimoto, n'kuganiza kuti asanagulitse chinthu chomaliza chimene chinkamudyetsa, wakuba abweze kaye chimene anaba. Loweruka anakwera minibasi ziwiri kupita ku Area 25. Anapeza Kings pakhonde akusewera bawo ndi mnzake, mkazi wake akuchapa pambali. Fuliji ya Vaileti inkaoneka pakhomo lotsegula, pamwamba pake ataikapo maluwa apulasitiki.

"Alamu! Mwatikumbukira lero? Amake mwana, tapatseni mpando alendo."

"Sindikhala. Ndabwera kudzatenga distibyuta."

"Disi chiyani?"

"Chitsulo chimene munazula m'galimoto ya akulu anu, mtembo wawo uli m'nyumba."

Kings anadzuka mpaka nkhomo za bawo zinamwazika. Analumbira pa manda a mbale wake, pa mayi ake omubala ndi pa Mulungu wakumwamba. Anati iye si wakuba. Zimene anatenga anatenga masana, mwambo ukumulola. Anati mkazi amene anapha galimoto ndi phazi lake asabwere kudzamunyoza pamaso pa banja lake. Vaileti naye sanabwerere m'mbuyo. Anafotokoza zonse, za penti yofiira, za shafiti yogwedera, za kamoto kabuluu kamene anakaona ndi maso ake. Aneba anayamba kusuzumira pampanda.

Mwadzidzidzi Kings anasiya kukuwa.

"Imani kaye, alamu. Mukuti vuto ndi kachitsulo kamodzi basi? Injini ndi yamoyo?"

"Yamoyo ngati inu ndi ine. Mukanapanda kuba, bwenzi pano ndili pa renki."

Kings anakhala pansi n'kuyamba kutola nkhomo zake imodziimodzi. Mawu ake anafewa. Anati chitsulocho sanachione, koma akumvetsa kuwawa kwa mlamu wake, ndipo ngati angathe kukonza, akonze ndithu, ana asavutike. Anauza mkazi wake kuti awaperekeze alendo kusiteji. Vaileti anakwera minibasi akuganiza kuti munthuyo wafewa chifukwa cha manyazi.

Lolemba anagulitsa makina kwa telala wina wa mumsika wa Kawale. Telalayo anabwera ndi wilibala. Pakhonde panatsala timabowo tinayi m'simenti, pamene miyendo ya makina inaima zaka khumi.

Kufunafuna kunatenga masiku atatu. Vaileti ndi a Gordon analowa shopu ndi shopu, kontena ndi kontena, m'matope a ku Biwi. Ogulitsa ankaseka akamva mtundu wa galimoto.

"Madala, imeneyo ndi ya nthawi ya atsamunda. Kafunseni kumyuziyamu."

Wina anatulutsa distibyuta yonyezimira, yotsukidwa ndi petulo, nalumbira kuti yangofika kuchokera ku Joni. A Gordon anagwira shafiti, naigwedeza pafupi ndi khutu, n'kuibweza. "Mwaisambitsa bwino, koma ndi mtembo." Tsiku lachitatu anaipeza kwa mkulu wina amene ankaphwasula magalimoto angozi. Inali yakuda ndi girizi, koma shafiti yake inali nganganga. Anagulanso timilomo tija tatsopano, timene a Gordon ankatitchula kuti mapointi, kachitsulo kake kotchedwa kondensa, ndi batire lakale.

Kuika kunatenga m'mawa wonse, ndipo Vaileti anaima pambali osaphethira. A Gordon anayamba ndi kumasula pulagi yoyamba n'kutseka bowo lake ndi chala chachikulu.

"Zungulitsani injini ndi sipanala iyi, pang'onopang'ono. Ndikati basi, basi."

Vaileti anakoka. Mpweya unafinya chala cha a Gordon n'kutuluka kuti fyu.

"Basi! Pisitoni yoyamba yafika pamwamba, ikudikira moto. Mukaika distibyuta musanapeze malo amenewa, moto umafika nthawi yolakwika, galimoto n'kumaombera ngati mfuti."

Anasuzumira pa kachizindikiro ka pagudumu la lamba wa injini, nasuntha pang'ono, kenaka anamasula bawuti ija n'kusolola distibyuta yakale ngati akuzula chinangwa. Yatsopano anaipaka oilo kumunsi n'kuilowetsa. Mano ake anakana kulumana. Anaitulutsa, natembenuza rota pang'ono, nailowetsanso. Ulendo wachitatu inakhala pansi kuti khwe, rota italoza kumene kudzakhale waya woyamba. Mpata wa mapointi anauyeza ndi kachidutswa ka sowo yodulira zitsulo kamene ankasunga m'chikwama cha ndalama. Kenaka anavundikira n'kuyamba kulumikiza mawaya akuwerenga mokweza.

"Wani, fili, folo, thu. Muloweze, alamu. Osati wani, thu, fili, folo ngati ana a sukulu. Ambiri amagwera pamenepa."

"Wani, fili, folo, thu."

"Kalizeni."

Vaileti anakhala pampando wonunkha nkhuku, napotoza kiyi. Injini inazungulira, inatsokomola, inatsokomolanso, kenaka inabangula. Utsi wakuda unadzaza bwalo. Nkhuku zinabalalika, ana a aneba anathamangira pageti, ndipo mayi wina wa pampopi analuluta. A Gordon anagwira distibyuta ndi kansanza n'kumaipotoza pang'onopang'ono, khutu lili pafupi ndi injini, mpaka kunjenjemera kunatha, mawu ake nakhala osalala. Anamanga bawuti. Pomaliza anatulutsa kabotolo ka penti ndi kamtengo ka machesi, n'kudontheza kadontho kofiira.

Vaileti anakhalabe pachiongolero, misozi ikutsikira pabulauzi yakuda.

Anagwira ntchito masiku asanu ndi anayi. Madalaivala a pa renki anamulandira ndi mahutala. Ananyamula matabwa kupita ku Area 23, mbuzi zinayi kupita ku Chinsapo, ndi katundu wa mphunzitsi wina wosamukira ku Likuni. Thokozire ndi Tina anadya mkate wopaka majarini. Anatumiza uthenga ku Ntcheu kuti sabwera.

Tsiku lakhumi linali Loweruka. Akutsuka galasi lakutsogolo m'mawa, pageti panalowa Kings ndi atsibweni, atavala jekete la tchalitchi, ndodo ili m'manja. Vaileti anawayalira mphasa, poti mipando inali ku Area 25. Anagwada n'kuwapatsa moni. Atsibweni anafunsa za ana, za mvula, za mtengo wa chimanga m'tauni. Kenaka anayang'ana galimoto.

"Tamva kuti wodwala wathu wachira," anatero. "Tathokoza, amake Thoko. Mwagwira ntchito."

"Ndayesetsa, atsibweni."

"Tsono paja simunasudzulidwe. Katundu wa malemu akadali m'manja mwa mbumba. Ndiye tati tikaisunge kaye mpaka Julaye, kuti pasadzakhale mawu."

"Atsibweni, alamu anga ananena pamaso pa anthu kuti chitsale."

"Ananena za chigoba, mwana wanga. Ichi ndi chigoba?"

Kings anali ataima pafupi ndi galimoto, akusisita boneti. "Ine ndinati ana aziseweramo, alamu. Sindinati amayi awo azipangira bizinesi atavala zakuda. Anthu akutiseka. Ati mkazi wa malemu akuimba hutala pa Biwi."

"Ana a malemu adya chiyani?"

"Ana ali ndi kwawo, ku Ntcheu, ali ndi atsibweni awo," anayankha mkulu uja mofatsa. "Nayenso Wilkins ali ndi alongo ake, ndipo alongowo ali ndi ana. Sitikulanda ayi. Tikukasunga."

Vaileti anadzuka pamene anagwada. Sanasamalenso za ulemu.

"Chabwino. Tengani galimoto yanu monga munaisiyira. Koma muyambe mwachotsa chitsulo changa. Ndinagula ndi makina anga, amene anandipatsa mayi anga. Si cha mbumba yanu."

"Cholowa m'galimoto ndi cha galimoto," anatero Kings. "Ndiponso mwangobweza chimene munaononga nokha."

Kiyi inali m'manja mwa Vaileti, ndipo anaifumbata mpaka inamulasa. Kings anangomwetulira. Anapisa m'thumba n'kutulutsa kiyi ina, yapadera ija imene inkakhala m'thalauza la Wilkins. Bulubuku inkaonekera m'thumba la shati lake. Anakweza atsibweni, nazungulira, nakhala pachiongolero. Vaileti anapemphera kuti ikane, ikane monga inakanira pamaliro. Koma a Gordon anali makaniko wabwino. Inalira kamodzi n'kamodzi.

Vaileti anayenda m'maofesi awiri. Koyamba anamuuza kuti ndi nkhani ya pabanja, akakambirane. Kwachiwiri anamufunsa mapepala a galimoto. Epulo atafika, a Josiah anaika munthu wina pamalo paja, ndipo akakumana naye panjira ankayang'ana kumbali. Kawiri konse Vaileti anaiona pikapu ija mumsewu wa ku Old Town itadzaza mchenga mpaka kumbuyo kukukhula pansi, pachitseko atalembapo dzina la Kings ndi penti yabuluu. Anayamba kuchapa zovala za anthu ndi kugulitsa tomato pakhonde, pamene panali makina. A Gordon akadutsa ankangopereka moni ali panjinga.

Julaye anafika ndi mphepo yake. Anamusudzula ku Dedza, pabwalo la kwa apongozi ake, mabanja onse awiri atakhala. Atsibweni analankhula bwino kwambiri. Anati Vaileti anasamala mwana wawo mpaka tsiku lomaliza, ndipo alibe naye mangawa. Anati kuyambira lero ndi mfulu, ndipo chilichonse chimene chili pakhomo pake ku Kawale ndi chake ndi ana ake. Wa mbumba yawo aliyense asadzapondeko kukafunsa ngakhale supuni. Anthu anaomba m'manja. Za galimoto palibe anatchula. Inali itaima kuseri kwa khola, poti ndi imene inabweretsa Kings ndi banja lake.

Atabwerera ku Kawale anayamba kumanga katundu wopita naye ku Ntcheu. Panalibe zambiri. Atamaliza kumanga mapoto, anakumbukira kuti tsopano akhoza kuvala zamitundu. Anakwera pa ndowa n'kutsitsa sutikesi yake imene inkakhala pamitanda ya denga. Munali zovala zake zabwino, zopitira ku maukwati ndi ku zinkhoswe. Sanaitsegule chiyambire pamene Wilkins anagona pamphasa, ndipo pamaliro achibale sanaikhudze, poti sutikesi ya zovala za mkazi mwamuna sapisamo dzanja.

Inkalemera kuposa momwe ankaikumbukira. Anachotsa diresi lachikasu, zitenje ziwiri, mpango wa siliki. Pansi penipeni panali phukusi lolimba, lokulungidwa m'nyuzipepala ndi m'mapepala atatu a shuga, lomangidwa bwino ndi mphira kuti oilo asadetse zovala. Anadziwa chimene chinali asanamalize kumasula. Anali atagwirapo ziwiri chaka chimenecho. Inali distibyuta ya kadontho kofiira ija, shafiti yake ili nganganga.

Pa rota panali kapepala kong'ambidwa mu kope la Thokozire. Zilembo zake zinali zonjenjemera, zotsetsereka kumapeto kwa mzere, koma ankazidziwa ngati nkhope ya mwana wake.

"Vai, tsopano akusudzula, sangabwerenso. Apatse a Gordon abwezeretse. Galimoto ndi yako."

Anapha galimoto ija anali Wilkins mwini wake.